Misomali ya Chitsiriza

Lamulungu masana, mbale zitatsukidwa, banja lonse linakhala pakhonde. Bambo, mmisiri wa matabwa, anatsamira chitseko, pensulo ili kukhutu ngakhale linali tsiku lopuma. Mayi ankasoka batani pa yunifolomu ya mwana wawo wamkazi, amene onse ankangomutchula Chitsiriza. Mpando wabwino unali ndi alamu, akulu awo a bambo, ometa tsitsi, munthu amene matenda onse a padziko ankawadziwira mankhwala kupatula dazi lake lomwe.

Chitsiriza anali atabwerezapo kalasi chifukwa cholephera kuwerenga. Aphunzitsi ena apadera anati mwanayo ali ndi vuto lotchedwa disilekisiya. Anati si ulesi, si maso, koma mutu wake umavutika kulumikiza chilembo ndi liwu lake. Ankamuphunzitsa ana ena akaweruka, chilembo chimodzichimodzi, pa zitsekerero za mabotolo: atchule liwu, alembe ndi chala patebulo, kenako alumikize. Anawapempha mayi kuti azichita naye kunyumba pang'ono tsiku lililonse, ndipo asamamuuzire mawu.

Alamu zimenezi ankaziseka. Patchuthi anamutenga mwanayo kumalo awo ometera, ndipo lero anabwera kudzaonetsa ntchito yawo.

“Achimwene, zitsekerero n'za ana oyamwa,” anatero alamu. “Ine ndamuchiza pakati pa mutu ndi mutu. Mawa asapitenso kwa mphunzitsi wa zinyalala uja. Iwe, imirira, werenga!”

Chitsiriza anatsegula buku nayamba. Mawu ankangotuluka ngati madzi a pampopi. Bambo anamwetulira mpaka pensulo inagwa. Mayi anasiya singano. Iwo sanayang'ane pakamwa pa mwanayo, anayang'ana maso. Masowo anali pa malata. Kamphepo kanatembenuza tsamba, koma nkhani inapitirira osapunthwa.

Chikomekome cha mkuyu, anatero mayi mumtima. Mlamuyu wakhala akumuimbira mwana tsamba lomwelo uku akumeta anthu, mpaka mwana waliloweza ngati nyimbo, ndiye akuti wachiza!

“Basi, kwa aphunzitsi aja kwatha,” anatero bambo. “Azibwera msanga kudzakuthandizani, mayi ake.”

Mayi anadziwa kuti akangonena kuti mwana waloweza, manyazi agwera mwanayo, osati dazi lija.

“Mutu uli nawo, mwanangu, tsamba lonse lija!” anatero. “Bambo ake, tatolani pensulo yanuyo. Mulembereni mawu amodzi pa kathabwako. Alionse, a kuntchito kwanu.”

“Mukundiyesa ine, mlamu?” anafunsa alamu.

“Ndingayese dokotala ine?”

Bambo analemba zilembo zikuluzikulu n'kumupatsa mwana. Chitsiriza anayang'ana thabwa, nayang'ana atate ake aakulu, kudikira kuti ayambitse nyimbo. Panalibe nyimbo.

Alamu anasuzumira. “Aa, zophweka izi! Nena kuti mi...”

“Alamu, lumo lanu limadula tsitsi. Mawu a mwana asiyeni amere okha.”

Mayi anakokera mwanayo pafupi. “Chala chili kuti? Monga timachitira ndi zitsekerero. Palibe akukuthamangitsa.”

Chala chinakhala pa chilembo choyamba. “Mmm... i. Mi.” Anapuma. “Sss... o. So.” Pachitatu anasochera, nanena “na”, nadzigwedezera yekha mutu, n'kubwerera. Nkhuku inadutsa pakhonde n'kubwereranso, iye akadali pomwepo. Alamu anayasamula mokweza kuti aliyense amve.

“Ma... li. Mi-so-ma-li.” Anakweza maso. “Misomali? Adadi, mwalemba misomali!”

Bambo anatenga thabwalo n'kuliyang'anitsitsa ngati walemba ndi wina. Kenako anatola buku lija, natsegula tsamba lakumapeto, nalozera mzere woyamba. Mwana anayang'ana mzerewo, koma nyimbo ija sinatuluke.

“Kumeneko sitinafikeko,” anatero alamu msangamsanga. “Komanso mwaona? Misomali ija waitha chifukwa ndinamutsegula mutu ine. Kungoti liwiro lake ndi la kamba.”

“Kamba amafika, akulu,” anatero bambo. “Galimoto yanuyi ikungolira, matayala ali m'mwamba.”

Alamu anakumbukira mwadzidzidzi kuti pali munthu akuwadikira kuti amumete, pa Lamulungu, ndipo ananyamuka tiyi asanathe.

M'mawa mwake mayi akusita yunifolomu anamva macheka kuseri kwa nyumba. Atatuluka anapeza bambo akudula timatabwa ting'onoting'ono, tofanana bwino, akutipala m'mbali kuti tisabaye zala.

“Zitsekerero zija zachita dzimbiri,” anatero osadzutsa mutu. “Mukawauze aphunzitsiwo alembepo okha zilembo. Ine ndingalembe mokhota.”

Chitsiriza anatiika m'chikwama, timatabwa tikugundana, natuluka pageti. Mayi anamuitana kuti abwerere, anali ataiwala botolo la madzi.