Mwezi wa Masiku Makumi Anayi

Maliko ankagwira ntchito pashopu yosindikiza mapepala pa boma la Nsanje. Masana dzuwa likaswa mtengo, makasitomala n'kuchepa, iye ankatulutsa kope lake n'kumalemba nkhani ya dziko limene analipeka yekha. Analitcha Nyamadzi, dziko limene mwana amaphunzira kupalasa mwadiya, bwato losema, asanayambe kuyenda.

Dziko lotere silikanayendera Januwale ndi Febuluwale, choncho analikonzera kalendala yakeyake. Chaka chinali ndi miyezi isanu ndi inayi, mwezi uliwonse masiku makumi anayi. Woyamba anautcha Kusefukira. Kenako panabwera Udzudzu, Nyika, Matope, Mbatata, Mlamba ndi ina yotsatira. Kumapeto kunatsala masiku asanu opanda mwezi, amene anthu a ku Nyamadzi ankati ndi a mtsinje: sapha nsomba, sakwatira, saweruza mlandu. Anaisindikiza papepala lolimba, tsamba lililonse mwezi umodzi, pamwamba pake chithunzi cha bango ndi mwadiya.

Pa Khirisimasi anapita nayo kumudzi kwa Mbenje kukaonetsa mlongo wake Evelesi. Evelesi anaseka, nati anzake akubweretsa akazi kunyumba, iye akubweretsa miyezi. Tchuthi chitatha Maliko anabwerera kuntchito, kalendala n'kuiiwala pawindo. Evelesi nayenso ananyamula madengu ake a nsomba zouma kupita ku Marka.

Pakhomo panatsala bambo awo okha, a Howard, msodzi amene anasiya ukonde maso atayamba kuchita mdima. Ankamwa mankhwala a bipi, ndipo anali ndi kachitidwe kawo kosaphonya. M'mawa uliwonse ankameza piritsi limodzi, n'kudula kabokosi kamodzi pakalendala ndi pensulo. Tsamba likatha, mapiritsi makumi atatu a m'botolo amakhala athanso, ndiye ankavala jekete kupita kuchipatala. Kalendala ya kutchalitchi inatha ndi Disembala. Atapeza ina pawindo anakondwa kuti mwana wawo wawakumbukira, n'kuipachika pamsomali womwewo.

Maliko anabweranso kumayambiriro kwa Febuluwale. Anawapeza atakhala pamphasa pakhonde, mpango atamanga kumutu, maso ali psuu. Anati si kanthu, ndi kutentha chabe, koma poimirira anagwira chipupa. Maliko atalowa m'nyumba kukatunga madzi anaona tsamba la Kusefukira pamsomali, mabokosi makumi atatu ndi asanu ndi limodzi atadulidwa bwinobwino. Botolo la mankhwala linali pashelefu, lopanda kanthu.

Anatuluka nalo m'manja.

"Ababa, mapiritsi anatha liti?"

"Lero ndi tsiku lachisanu ndi chimodzi chithereni."

"Nanga bwanji simunapite kuchipatala?"

"Tsamba silinathe, mwanawe. Kwatsala anayi."

Anafotokoza pang'onopang'ono kuti ataona mapiritsi atha mabokosi akadalipo, anaganiza kuti mwina masiku ena ankamwa kawiri mosadziwa. Kupita msanga kukanakhala kukadziulula pamaso pa anamwino kuti mutu wayamba kutayika. Ndiye anasankha kudikira tsamba lithe, akapite tsiku lake ngati munthu wadongosolo.

Maliko anakhala pansi pambali pawo. Anawauza kuti mutu wawo unalibe vuto, anamwa bwino tsiku ndi tsiku. Vuto linali pepalalo, la dziko limene kulibe, limene iye analipeka pashopu. A Howard anamufunsa ngati abwana ake akudziwa kuti inki imathera zimenezi.

Sanadikire mawa. Maliko anaitana njinga ziwiri za kabaza, ndipo anadutsa m'matope mpaka kuchipatala. Namwino atawayeza anapukusa mutu, nayamba kuwakalipira kuti akuluakulu ngati iwo sasewera ndi mankhwala awa. Maliko anamudula mawu mwaulemu, nati wolakwa ndi iye, anawapachikira kalendala yolakwika. Namwino anafunsa kuti inali ya chaka chiti. Maliko anangoti sinali ya kuno. Namwinoyo anawagoneka a Howard pabedi maola awiri, kuwayezanso, n'kuwapatsa botolo lodzaza.

Pobwerera Maliko anaima pagolosale, napempha kalendala yeniyeni, ya chithunzi cha thumba la feteleza. Kunyumba anachotsa yake ija, napachika yatsopanoyo, nawerengera bambo ake mabokosi mokweza mpaka kumapeto. Kenako anapinda ya Nyamadzi kuti aiike m'chikwama.

A Howard anamuletsa. Anati awawerengere mayina a miyeziyo, popeza zilembo zing'onozing'ono sankaziona. Maliko anawerenga. Pa Udzudzu bambo ake anaseka. Pa Nyika anangogwedeza mutu, chifukwa nyika, mizu ya m'dambo, anaidya zaka zambiri za njala. Atafika pa Mlamba anakweza dzanja.

"Pamenepo walakwa. Mlamba timaugwira madzi akamaphwa m'madambo, mbatata isanakhwime kudimba. Ubwere patsogolo."

"Ndikonza, ababa."

"Ukonze. Ndipo uisiye pano. Ya fetelezayo ndi ya mapiritsi. Iyi ndiziyang'ana chabe."

Maliko anaganiza kaye. Anakhoma msomali wina kuchipupa cha kutsidya, pafupi ndi ukonde wakale, napachikapo ya Nyamadzi. Kenako anadula kachingwe pa ukondewo, namanga pensulo kumsomali wa kalendala yeniyeni, chingwe chachifupi chosafika kwina kulikonse.

M'mawa mwake, asanapite kukakwera minibasi, anaona bambo ake akumeza piritsi. A Howard anakoka pensulo ija, nadula kabokosi ka pa 6 Febuluwale.