Chitini cha Penti Pakhomo pa Phanga

A Petulo ndiwo ankayang'anira phanga la kumtunda kwa mudzi, kufupi ndi Mphunzi. Ntchito yake inali kutchetcha njira, kupirikitsa mbuzi ndi kuperekeza alendo odzaona zojambula zakale za pathanthwe. Zoyera, zonga nyama zotambasula miyendo, zinkaonekera patali. Zofiira, mizere ndi zozungulira zimene akuluakulu amati anajambula Akafula, zinali zitazilala moti munthu ankachita kuyandikira kuti azione.

Lachinayi m'mawa anapeza alamu awo a Ezara atafika kale kuphangako, chitini cha penti wofiira chili pansi, bulashi ali m'manja. A Ezara anali mlongo wa malemu akazi awo a Petulo, ndipo ankalemba zikwangwani za magolosale kuyambira ku Linthipe mpaka ku Chimbiya.

"Mwalawira alamu. Kwagwanji?"

"Loweruka kukubwera ana asukulu ochokera ku Lilongwe," anatero a Ezara. "Adzaona chiyani? Zinthu zazilala ngati malaya a mkamwini. Ndingodutsitsamo kamodzi kuti ziwale."

A Petulo ankadziwa kuti penti wa m'sitolo akangokhudza thanthwelo, zojambula zakalezo zatha. Ankadziwanso kuti mkamwini salanda chitini m'manja mwa mwinimbumba, pamudzi pa eni ake. Anakhala pamwala, navula chipewa.

"Dzanja lanu palibe amalitsutsa. Koma tandikumbutsani, ng'ombe ya pa butchala ya ku Chimbiya ija munajambula liti?"

"Zaka zitatu zapitazo. Munaiona? Imachita ngati ilira."

"Ndinadutsapo sabata yatha. Yatsala mutu ndi mwendo umodzi."

"Limenelo ndi dzuwa la pamsewu, si vuto langa!"

"Zoona. Koma penti wanu akatopa amamatuka, ndipo pomatuka amanyamula za pansi pake. Anthu awa anajambula agogo a agogo athu asanabadwe, mizere yawo ikadalipo. Ikachoka ndi penti wanu, mudzi udzati anafufuta ndani?"

A Ezara anayang'ana bulashi wawo kwa kanthawi. "Nanga iwowo penti wosathayo ankagula golosale iti?"

"Tiyeni ndikakuonetseni golosale yake."

Anatsikira kukhwawa la kumunsi, kumene madzi anakumba nthaka n'kusiya timiyala tofiira tofewa. A Petulo anatola tiwiri, natipera pamwala wafulati mpaka tinasanduka ufa. Anadonthezerapo madzi, kenaka mafuta a nsatsi a m'kabotolo kamene ankayenda nako chifukwa cha ming'alu ya kumapazi.

"Chimene ankasakaniza chenicheni sindichidziwa," anatero. "Ena amati mafuta a nyama, ena amati dzira. Koma kufiirako ndi kumeneku. Zoyerazo ndi dothi la kudambo lija amayi amakongoletsera makoma."

A Ezara anafuna kuviika bulashi, a Petulo n'kupukusa mutu.

"Chala, alamu."

"Ine ndijambule ndi chala ngati mwana woba chiponde?"

Komabe anaviika. Anakoka mzere pamwala wina waukulu umene unali m'mbali mwa njira, mzerewo n'kutuluka wofiira modera, ngati magazi ouma. Anauyang'ana, nayang'ana chitini chawo. Penti wa m'chitinimo anali wofiira ngati tomato wa pamsika, wosiyana kotheratu ndi wa kuphanga. Anakoka mzere wachiwiri, kenaka chozungulira, ndipo chinakhota.

"Perani ina," anatero mosacheuka. "Anthu aja sanali masewera."

Dzuwa linafika pamutu a Petulo akupera, a Ezara akujambula ndi kudandaula za msana.

Loweruka ana asukulu anayamba aima pamwala wa m'mbali mwa njira, pamene a Ezara, atavala jekete, anawaonetsa kapereredwe ka miyala ndi kuwalola kuviika zala. Kenaka onse anakwera kuphanga. Mtsikana wina anatambasula dzanja kuti akhudze chimodzi mwa zozungulira zozilala zija.

"Iwe! Dzanja pansi!" anakuwa a Ezara. "Zimenezo sizikhudzidwa. Ukudziwa zakhala zaka zingati?"

A Petulo anaima kumbuyo, chipewa chili m'manja. Chitini chija sichinapite pachabe. Lolemba lake a Ezara anabwera nacho kunyumba kwa alamu awo n'kupaka chitseko, akuti mkamwini asamachititse mudzi manyazi.