Kope Lathu, Kope Lawo

Ife a ku Paso Tero tili ndi nthenda imodzi imene inakanika madokotala onse a ku Montevideo, likulu la dziko lathu: sitifuna kuti munthu wa kutsidya atiyambire. Kutsidyako ndi ku Vila Anta, m'dziko la Brazil, ndipo chotilekanitsa ndi kamtsinje koti m'chilimwe nkhuku imawoloka osanyowa. Shuga timakagula komweko, nyama iwo amadzagula kwathu kuno, ndipo takwatirana mpaka sitidziwanso kuti mlamu ndi uti, msuweni ndi uti. Koma ingotchulani mbendera, muona anthu a imvi zawo akufufuma ngati achule.

Mwa odwala tonsefe, odwalitsa anali bambo Eleuterio Barreiro. Akuluwa anaphunzitsa malamulo a mapangano a mayiko kwa zaka makumi atatu ku likulu, ndipo atapuma ntchito anabwerera kumudzi kuno ndi buku lolemba okha, lochindikala ngati njerwa. Ukangowapatsa moni pamsika, basi tsiku lako latha. Ankakuuza za mayiko onse oyandikana amene anayesapo kukhala dziko limodzi n'kupasukanso, chaka chake, amene anasaina, ndi amene anayamba kunyanyala. Nthawi yonseyo chikho cha mate, tiyi wa kwathu kuno womwa mopatsirana, chili gwa m'manja mwawo, anzawo akudikira kuti chizungulire mpaka madzi kuzizira.

"Mayiko sapasuka ndi mfuti, mwanawe," ankatero. "Amapasuka ulemu ukasowa papepala."

Tinkawaseka, inde, koma kunyumba kwawo kunalibe choseketsa. Akazi awo, mayi Nelida, impso zinasiya ntchito. Lolemba, Lachitatu ndi Lachisanu ankakwera basi ya m'mamawa kupita kumzinda komwe kuli makina otsuka magazi, maola atatu kupita, atatu kubwera, pamsewu wa mabampu. Ankafika kunyumba atalefukiratu, a Eleuterio atawagwirira m'khwapa. Chowawa n'choti makina omwewo analipo pachipatala cha kutsidya, choti uli pakhonde pawo umachiona bwinobwino. Koma chipatalacho sichikanalandira odwala a mbali yathu popanda pangano la matauni awiriwa.

Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. A Eleuterio anafukula pangano lalikulu la mayiko athu, napeza ndime yolola matauni a m'malire kumvana okha pa za zipatala, nayamba kuvutitsa aliyense wokhala ndi chidindo. Kutsidya anagwirana manja ndi a Aldemiro Fagundes, loya wokalamba, mnzawo wa kuubwana amene ankawedza naye pakamtsinje komweko. Zaka ziwiri anthu awiriwa analemba, nafufuta, nakangana, namwera limodzi. Mwezi wathunthu unathera pa nkhani ya tebulo losainirapo, mpaka anamvana kuti liikidwe pakati penipeni pa mlatho, miyendo iwiri kwathu, iwiri kwawo. Anachita kuyeza ndi chingwe, anthu akulu ndi ndevu zawo.

Tsono pali mwambo wina wa mapangano umene a Eleuterio ankaulemekeza kuposa Misa. Pangano limalembedwa m'makope awiri. M'kope lomwe mutenge inu, dzina lanu ndi limene limayamba ndipo inu ndi amene mumayamba kusaina. M'kope la anzanuwo limayamba ndi lawo. Potero aliyense amapita kwawo akuganiza kuti wamkulu ndi iye. Mutu wachisanu ndi chiwiri wa buku lawo unali wa zimenezi zokhazokha, ndipo ana a eni ake ambiri analephera mayeso chifukwa cha mutu umenewo.

Tsiku losainira linali Loweruka m'mawa, mwezi wa Juni, mphepo yozizira ikudula makutu. Tauni yonse inakhamukira pamlatho. Oimba malipenga a mbali zonse analipo, aliyense akuyesetsa kuphimba mnzake. Mayi Nelida anawakhazika kutsogolo, atafunda bulangete laubweya, atadzola ndi mankhwala ofiiritsa milomo, zimene anali asanachite kwa chaka. Meya wathu, a Pintos, anakhala mbali yathu ya tebulo, meya wa kutsidya mbali yawo, onse atatulutsa zolembera.

A Eleuterio anatsegula chikwatu chathu kuti achiike patsogolo pa a Pintos, maso awo n'kugwera pamzere woyamba. "Vila Anta ndi Paso Tero." Anatsinzina, natsegulanso. Anasuzumira m'kope la anzathu. Namonso chimodzimodzi: Vila Anta poyamba, ife pambuyo.

A Aldemiro, amene anaima pambali pawo, anaona nkhope ikusintha, naona chomwe chaisintha.

"Iwe Terio, tseka pakamwa," ananong'ona. "Palibe waona."

"Ndaona ine."

"Iweyo ndiwe ndani? Yang'ana uko. Mlamu wanga wadzola milomo, ukuona? Lolemba awoloke ndi miyendo yake."

A Eleuterio anayang'ana. Mayi Nelida anawakwezera kadzanja m'bulangete muja, akumwetulira. Ndikunenetsa, akuluwa anayesetsa. Anagwira m'mphepete mwa tebulo, thukuta n'kutuluka m'mphepo yonse ija. Ankawakonda akazi awo, zimenezo palibe angatsutse. Koma mumtima mwawo munabwera kamawu kabodza, kaja kamatinamiza tonsefe: ndingotchulako pang'ono chabe, kuti anthu adziwe kuti sitinagone, kenako asaine.

Anatenga chimkuzamawu.

"Pepani olemekezeka, kanthu kakang'ono. M'kope lathu, dzina lathu aliika pambuyo."

Malipenga anangoti zii. A Pintos, amene zisankho zinali zitawayandikira ndipo ankasowa chokauza anthu, anaika cholembera pansi pang'onopang'ono ngati munthu watola chikwama.

"Pambuyo? Ife? M'kope lathu lomwe?"

"N'zokonzeka, bwana meya, ingosainani kaye..."

"Ndisaine manyazi a tauni yanga? Abale anga, mwamva? Atiyesa mchira!"

Aa, pamenepo nthenda yathu ija inabuka. Wina kumbuyo anakuwa kuti a kutsidya ndi akuba kuyambira kalekale, anatibera ndi chilumba cha pamtsinje. Chilumba chake n'kamchenga koti mbuzi ziwiri sizingagonepo. Wa kutsidya anabweza kuti tibweze kaye mpira wawo umene unagwera kwathu chaka china. Gogo wina wa kwathu anayamba kuopseza ndi ambulera mpongozi wake yemwe, amene anabwera naye pagalimoto imodzi. Meya wa kutsidya anaimirira, nkhope ili psuu.

"Tabwera kudzakupatsani chipatala chathu, inu mukutitcha akuba?"

Apo m'pamene Zulma, mlembi wa ku ofesi ya meya wathu, mayi wosadziwa kunong'ona, analankhula chimkuzamawu chili pafupi.

"Koma bambo Eleuterio, makopewa munasindikiza ndinu. Munandilanda Lachinayi, mukuti ife sitidziwa mwambo, wina asawakhudze."

Akuluwa anakumbuka bwinobwino. Lachinayi anapita okha kusitolo yosindikizira, akuthamangira kukaphika phala la akazi awo, ndipo tsamba loyamba analisindikiza kawiri, lomwelomwelo. Mlatho wonse unaphulika ndi phwete, mbali zonse ziwiri. Kunena zoona, m'mbiri yonse ya matauni athu sindikumbuka tsiku lina limene tinagwirizana chonchija.

"Ndalakwa ndine!" anakuwa a Eleuterio. "Ndipatseni ola limodzi ndikakonze. Kapena sainani momwemo, zilibe kanthu!"

"Zilibe kanthu?" anatero a Pintos. "Buku lanu ndili nalo, aphunzitsi, munandipatsa nokha. Mutu wachisanu ndi chiwiri. Mukufuna adani anga akanene kuti ndinasaina ndikudziwa?"

Bukulo anali nalodi, koma sanaliwerengepo, ankatchingira chitseko kuti chisamenyetseke. Koma mutuwo ankaudziwa chifukwa a Eleuterio anawalalikira kokwana. Pomwe a Eleuterio ankatembenuka kuti apepese kwa meya wa kutsidya, n'kuti uyo atafika kale kumapeto kwa mlatho, oimba malipenga ake ali pambuyo. Anasiya mawu oti amene anamutcha wakuba adzapepese polemba kalata, ndipo za panganoli adzazione mameya atsopano zisankho zikadzatha, mwezi wa Novembala. A Aldemiro anangovula chipewa kwa mayi Nelida, nawoloka ali chiweramire.

Lamlungu lonse m'nyumba mwa a Barreiro munalibe mkangano. A Eleuterio ankalakalaka atatukwanidwa, ataponyedwa mbale, chilichonse. Mayi Nelida anangopukuta milomo yawo, napinda bulangete, nafunsa ngati chikwama cha mawa chalongedzwa.

Lolemba anakwera basi ija. Pobwerera, masana, mayi Nelida anali atafooka kuposa masiku onse, manja ozizira, khosi likulephera kunyamula mutu. Basi ikagunda bampu ankaluma mano. A Eleuterio anawagwirira kabeseni, nawapukuta pakamwa ndi mpango wawo wa m'thumba.

"Nelida, ndinalakwa."

"Ndikudziwa."

"Nditukwaneniko, chonde."

"Mphamvu zake ndizitenga kuti, a Terio? Sindinakwiye. Ndimangoganiza kuti nthawi ino ndikanakhala nditafika kale, nditathirira ndi tomato wanga."

"Mawa ndiwoloka. Ndikagwada kwa Aldemiro, kwa meya wawo, kalatayo ndilemba ndine, ndisaina pansi penipeni. Novembala si kutali."

Mayi Nelida anawayang'ana nthawi yaitali, mwachifundo, ngati akuyang'ana mwana amene waswa mbale ya alendo.

"Kwa inu si kutali," anatero.

Kenako anatsamira paphewa pawo n'kugona. Kunali kutatsala maola awiri kuti afike. Dzanja la a Eleuterio linachita dzanzi, koma sanalisunthe. Misozi inatsika mpaka m'kolala, ndipo analibe dzanja loipukutira, chifukwa linalo linali litagwira kabeseni.