Kusaka Nkhope ya Bambo

"Umunso mulibe," anatero Horácio akusolola tepi m'makina.

Misa yokumbukira bambo awo inali mawa lake, ndipo wansembe anali atapempha chithunzi choika kutsogolo. Koma m'nyumba yawo yonse ya ku Alto Maé, mumzinda wa Maputo, munalibe nkhope ya bambowo, Anselmo Macuácua. Munthuyo anakalambira kuseri kwa kamera, akukonzera wailesi ya kanema mapologalamu opanda nkhani, opanda wolankhula: mvula pamalata, mithunzi ya anthu pakhoma, manja akusenda chinangwa. Anthu ambiri a ku Maputo akawaona ankamenya kanema wawo, poyesa kuti wawonongeka.

"Ika ina, mano," anatero Graciete, mlongo wake. Ankaitanana m'Chipwitikizi: mano kutanthauza mchimwene, mana kutanthauza mchemwali.

"Mpaka liti? Misa ikangotha, zonsezi nditaya kudzala. Mkazi wanga ali pafupi kuchira, mwana adzagona pa matepi?"

"Sunachite manyazi? Dothi la pamanda silinaume."

"Manyazi? Tsiku la ukwati wanga papá anajambula nsapato za anthu. Nsapato, mana! Ine ndilimo mpaka m'mawondo."

Mayi awo, Dona Ermelinda, anali pampando, tiyi atazizira m'manja. Anasankha okha tepi yopanda dzina n'kuipereka.

Pa kanema panaoneka simenti ya pakhonde lawo lomwelo, dzuwa likuswa. Palibe chinkachitika. Kenaka chikumbu chinagwa chagada pakati pa chithunzi, n'kuyamba kupalasa miyendo m'mwamba. Chinapalasa, chinapuma, chinapalasanso.

Horácio anatambasula dzanja kuti azimitse.

"Usakhudze," anatero mayi ake.

"Mamã, ndi kachilombo chabe."

"Bambo ako ankati wojambula sathandiza, amangoyang'ana. Tinkakangana nazo zaka zonse. Ndikufuna ndione ngati anachisiya chife."

Miyendo ya chikumbu inayamba kufooka. Mkati mwa kanemamo munamveka munthu akupuma, kenaka akutsokomola pang'ono, chifuwa cha bambo chija ankachimva m'mawa uliwonse. Graciete anagwira pakamwa.

Chithunzi chinagwedezeka. Kuchokera m'mphepete munalowa dzanja lokhala ndi chipsera cha moto pachala chachikulu. Linazengereza m'mwamba ngati likuopa kugwidwa, kenaka ndi nsonga ya chikhadabo linatembenuza chikumbucho, n'kubwerera msanga.

Chikumbu chinayenda n'kutuluka m'chithunzi. Panatsala simenti.

Dona Ermelinda anaika kapu pansi.

"Wabodza iwe," ananong'ona, misozi ikutsikira kuchibwano.

Horácio anagwada pafupi ndi makina. Sanayang'ane aliyense.

"Mana," anatero, "kodi poimitsa chithunzi amadina pati?"