Dzina la Pachikwangwani

"Mwandibera dzina, Don Evaristo! Masanasana, maso anga ali gwa!"

Casilda Bermejo anaponya chikwangwani patebulo la mwini kampani ya mafilimuyo. Penti inali isanaume. Anali atachitsomphola kwa wolemba zikwangwani kumasitepe, ndipo zilembo zoyerazo, zoti zidzaoneke poyambira filimu, zinkati: Wolemba nkhani, Leandro Ocaña.

Leandro, mwamuna wake, anakhala pakona, chipewa chili pabondo. Iye ntchito yake inali yogulitsa nsapato ku Lavapiés. Chimene ankadziwa kulemba chinali manambala a phazi.

"Khalani pansi, mayi," anatero Don Evaristo. "Lamulo sindinapange ndine. Mkazi wapabanja sasaina mgwirizano popanda chilolezo cha mwamuna wake. Madrid yense akudziwa."

"Chilolezo amasaina m'munsi. Awa anasaina pamwamba, pamzere wa wolemba!"

"Ine ndinasaina pamene anandilozera, Casilda," Leandro anang'ung'udza.

"Anakulozerani ndani?"

Leandro anatembenuzatembenuza chipewa chake pabondopo.

Mafilimu atatu amene Casilda analembera kampaniyi, onse anatuluka ndi mayina a madoda ena. Yachinayiyi Don Evaristo anamulumbirira kuti ikhala yake. Miyezi isanu ndi inayi akugogoda taipi patebulo lakukhitchini, mphodza zikupserera pamoto.

Don Evaristo anazimitsa ndudu. "Mapepala adindidwa kale ku ofesi ya boma yopima mafilimu. Kusintha dzina ndiye kuti tikayambenso mzere, miyezi itatu. Ndiponso vuto lili pati? Ulemu wonse ukulowa nyumba imodzi. Nkhani imene ndakuitanirani ndi iyi: akuluakulu aja akana mathero. Akuti mkazi sangathawe mwamuna wake n'kukwera sitima, anthu n'kumaombera m'manja. Akufuna tsamba latsopano isanakwane wani koloko, apo ayi mawa sitijambula. Tsamba limodzi lokha, mwana wanga."

Casilda anayang'ana wotchi yapakhoma. Kunatsala mphindi makumi anayi. Akalemba, filimu ituluka, dzina lake osaoneka mpaka kalekale. Akakana, bambo ameneyu aimba lamya kwa anzake, ndipo zitseko zonse zimutsekekera.

Ananyamula taipi patebulo la pambali n'kuikhazika pamiyendo pa Leandro, chipewa n'kuphwanyika. Analowetsamo pepala.

"Nayu wolemba wanu, Don Evaristo. Boma linamudinda."

"Casilda, usandichititse manyazi pa anthu," Leandro ananong'ona.

"Manyazi? Inu akatswiri? Tiyeni, bambo, ndikuthandizeni poyambira. Mkazi uja waima pasiteshoni, sutikesi ili m'manja. Sitima yalira kale. Mwamuna wake wamupeza, wamugwira mkono. Ndiye mkaziyo akuti chiyani?"

Leandro anayang'ana Don Evaristo. Don Evaristo anayang'ana wotchi.

"Musayang'ane abwana anu, ndikufunsa inu! Kapena tiyambe ndi chophweka. Mkazi ameneyu dzina lake ndani? Si inu munamulemba? Yankhani!"