Wandevu Pansi pa Uvuni

M'mudzi wa kunsi kwa chitunda, uvuni wa Sabriya ndiwo unkayamba kufuka utsi m'mawa uliwonse. Unali uvuni wadothi, wooneka ngati mtsuko waukulu, womatidwa pa guwa la njerwa pakona ya bwalo. Amene anamumangira ndi mwamuna wake Dakhil, chaka chomaliza cha moyo wake. Pomanga anamuyimika pamenepo, n'kumuuza kuti awerame ngati akumata mkate, ndipo anayeza msinkhu wake ndi chingwe kuti msana usamamuwawe. Pamlomo pa uvuniwo pankaonekabe pomwe zala za Dakhil zinadutsa dothi likadali lofewa. Sabriya akamaphika ankatsamiza dzanja lamanzere pomwepo. Sankaganizira n'komwe, dzanja linkangopita lokha.

Dakhil anali mlonda wa chitunda kuyambira ali mnyamata. Pamwamba pake pali mabwinja a mzinda wa mafumu a Asuri, ndipo pachipata cha nyumba ya mfumu pankayima ng'ombe yamwala yamapiko, ya nkhope ya munthu. Dakhil ankaitchula kuti Wandevu. "Tonse ndife alonda," ankatero, "koma mnzangayu sapempha tiyi."

Zigawenga za mbendera zakuda zitalanda dera lonselo, zinaphwanya Wandevu ndi nyundo, zotsala n'kuziphulitsa. Fumbi litakhazikika, Dakhil anakwera ndi ngolo ya bulu ngati wokamweta udzu wa nkhosa. Pansi pa udzuwo anabweretsa chibenthu cha mwala chachikulu ngati mphero: nkhope ya Wandevu, kuchokera pamphumi kufika pamlomo.

"Amake Hazim, imani pachipata muziyang'ana msewu," anatero.

Sabriya anayima pachipata mpaka miyendo inachita dzanzi. Kumbuyo kwake ankangomva khasu. Mawa lake Dakhil anayamba kuwumba guwa pamalo omwewo.

"Mwamuna wa mfuti sangasuzumire pansi pa uvuni wa mkazi," anatero akupukuta manja.

Nyengo yozizira itafika, chifuwa chinamutenga Dakhil. Zigawenga zinathamangitsidwa, Hazim mwana wawo anapeza ntchito ku Baghdad, zaka zinadutsa, koma Sabriya sanauze munthu. Poyamba anali mantha. Mantha atatha panatsala chinthu chimodzi: kuti nkhope ija ituluke, uvuni unayenera kuphwanyidwa.

Kenako kunabwera akatswiri a zinthu zakale ochokera ku Mosul. Anakhoma tenti yaikulu pamwamba pa chitunda n'kuyamba kutola zibenthu. Sabriya ndiye ankawaphikira mikate, n'kukwera nayo m'dengu ikadali yotentha. Wotsogolera ntchitoyo anali Lamia, mtsikana wowonda wa magalasi, yemwe ankadya mkate ali chiimire ngati wothawa.

"Khala pansi, mwana wanga. Miyala yadikira zaka zonsezi, singadikire kuti utafune?"

"Ndikakhala pansi sindidzukanso, azakhali. Bwerani muone komwe tafika."

M'tentimo anali atayala mchenga, ndipo pamchengapo Wandevu anagona chagada, zibenthuzibenthu. Nthenga za phiko zinalipo, ziboda, khutu limodzi, ndevu zopotanapotana. Pakati pa chisoti ndi ndevu panali mchenga wokhawokha.

"Nkhope sitinaipeze," anatero Lamia. "Tasefa dothi lonse la pachipata. Mwina inasanduka fumbi, mwina ili m'nyumba ya munthu wolemera kunja kwa dziko."

Sabriya anachotsa maso pamchengapo. Posowa poyang'ana, anatula dengu lake pa mwala wina womwe unali pafupi. Lamia analinyamula msanga.

"Pepani azakhali, osati pamenepo. Mikateyi ndi yotentha."

"Mwala n'kuopa mkate?"

Lamia anaseka, n'kutola kachibenthu koyera kuchokera m'mbale. "Mwala uwu ndi wofewa. Umaopa madzi, umaopanso moto. Aka kanali pafupi ndi pomwe anaphulitsa. Taonani." Anakafinya ndi zala ziwiri, ndipo kanangoyoyoka ngati ufa.

"Umenewo unali moto waukulu," anatero Sabriya. "Nanga kutentha pang'ono chabe?"

"Tsiku limodzi palibe kanthu. Koma tsiku ndi tsiku umauma mkati, umayera, kenako umatha."

Sabriya anatsika chitunda ataiwala dengu.

M'bandakucha wotsatira anakanda ufa monga mwa masiku onse. Anaika zitsotso za thonje mu uvuni, n'kutenga machesi. Anayima nawo m'manja mpaka tambala wa kwa Fakhriya anatopa kulira. Kenako anawabweza m'thumba la diresi, navundikira ufa uja ndi nsalu.

Fakhriya anali mlongo wake wa Dakhil, wamasiye nayenso, ndipo mabwalo awo ankalekanitsidwa ndi khoma lofika m'khosi. Mutu wake unatulukira pamwamba pa khomalo.

"Mlamu, mwamwalira kodi? Utsi sindikuuona."

"Ndikadamwalira mukadayamba ndinu kumva, ndi makutu anuwo."

"Ndiye bwanji?"

"Nkhuni zanyowa."

"Zanyowa ndi chiyani? Mvula inatha nkhosa zisanametedwe."

"Dzanja likundiwawa."

"Sankhani chimodzi, mlamu, nkhuni kapena dzanja."

Sabriya anapatsira ufa uja pakhoma kuti Fakhriya akaphike kwake, ndipo anthu a pachitunda anadya mikate yopserera m'mbali. Zinatero kwa masiku angapo. Sabriya ankasesa mozungulira uvuni wozizira, n'kukhala pambali pake manja ali pamiyendo. Ankadziuza kuti zikhoza kukhala chonchi: moto osayatsa, uvuni osaphwanya, Wandevu osapsa. Koma bwalo linali litasanduka la eni. Ngakhale mphaka amene ankagona paguwa anasamukira kwina.

Tsiku lina Fakhriya sanalankhulire pakhoma. Analowa pachipata ndi thireyi ya tiyi, naitula paguwa, n'kuthira m'timatambula tiwiri.

"Ndatopa kudyetsa anthu anu. Akuti mikate yanga ndi yofanana ndi njerwa zomwe akufukulazo. Nenani."

Sabriya ananena zonse, maso ali pa tiyi. Fakhriya anamvetsera, kenako anayang'ana pansi pomwe anapondapo, n'kusuntha mapazi.

"Zaka zonsezi ndakhala ndikumwera tiyi pamutu pa chinthu chimenecho?"

"Pankhope."

"Mchimwene wanga, Mulungu amuchitire chifundo, anali ndi mutu wa bulu. Ndipo anakwatira mnzake." Anamwa pang'ono. "Ndiye mwaganiza zotani? Muzilondera uvuni wosayaka, pamwamba pa mwala wosaoneka?"

"Zovala zawo ndinagawa. Bedi anatenga Hazim. Ngolo tinagulitsa." Sabriya anagwira pamlomo pa uvuni. "Chomwe anapanga ndi manja awo, chondipangira ine, ndi ichi chokha."

Fakhriya anayang'ana pomwe dzanja la Sabriya linagwira.

"Anakumangirani inu, inde," anatero. "Msinkhu ndi wanu. Koma malowo anasankhira mnzake wamwala uja. Sanamubise kuti akhale pansi mpaka tsiku la chiweruzo."

"Ndikudziwa."

"Ndikudziwa kuti mukudziwa. Imwani tiyi, akuzizira."

Mawa lake Sabriya anakwera chitunda wopanda dengu. Anapeza Lamia atagwada pamchenga, akuyesa kulumikiza zibenthu ziwiri za ndevu.

"Mwana wanga, amuna anga anali mlonda pano. Sanali wakuba."

Lamia anakweza mutu. "Aliyense wandiuza za iwo, azakhali. Palibe amene ananenapo zimenezo."

"Ndiye tsika ndi anthu ako. Mutenge zokumbira zanu zazing'onozo."

Atafika pabwalo n'kumva nkhani yonse, Lamia anavula magalasi, nawapukuta, nawavalanso. Anazungulira guwa, n'kuika chikhatho pa njerwa ngati woyeza mwana malungo.

"Munasiya liti kuyatsa?"

"Tsiku lomwe unandionetsa ufa uja."

"Tiyesa kuunyamula wathunthu uvuniwu," anatero Lamia. "Tikumba m'mbali, tilowetse matabwa pansi. Sindikulonjeza, dothili lapsa nthawi yaitali."

Antchito a Lamia anagwira ntchito mosamala kuposa momwe Sabriya ankayembekezera. Anachotsa njerwa imodziimodzi, n'kuzisanja pakhoma. Anakulunga uvuni ndi zingwe ndi masaka. Mkulu wina wa ndevu zoyera anatchula dzina la Mulungu, onse n'kukweza pamodzi. Uvuni unadzuka pang'ono, unalendewera, kenako kunamveka kaphokoso kakang'ono ngati munthu waponda chigoba cha dzira. Mng'alu unatsika kuchokera pamlomo mpaka pansi, ndipo dothi linakhuthukira m'masaka.

Mkulu uja anayang'ana Sabriya mwamanyazi.

"Pitirizani, bambo," anatero Sabriya. "Si inu. Unali utakalamba."

Fakhriya anabwera kudzayima pafupi naye, phewa kukhudza phewa, osamuyang'ana.

Pansi pa guwa panali dothi lotsendereka, pansi pa dothi mchenga wa kumtsinje. Lamia analowa yekha m'dzenjemo ndi kaburashi. Posakhalitsa panaoneka nsalu yofiirira ya maluwa obiriwira, yopserera pakona imodzi.

Fakhriya anawerama, n'kuwongoka pang'onopang'ono.

"Mlamu. Chimenecho si chofunda chanu cha paukwati?"

Sabriya anayang'anitsitsa. "Ndi chomwecho."

"Chomwe munati ndinabwereka osabweza?"

"Sindinati munaba. Ndinati munaiwala."

"Munauza mudzi wonse kuti ndinaiwala. Pa chikondwerero chomasula kusala munandipatsa moni wa pakamwa pokha, ngati ndine wogulitsa palafini."

"Ndiye mukanatani inu? Chinasowa m'bokosi, ndipo wolowa m'nyumba mwanga ndinu nokha."

"Ndi mwamuna wanu. Ankalowanso mwamuna wanu."

Amuna aja anayamba kuseka chamumtima, mapewa okha akugwedezeka. Sabriya nayenso anaseka, ndipo kusekako kunasanduka china chomwe anachibisa ndi nsonga ya mpango wake. Dakhil anali atamva mkangano wonse wa chofundacho ali gone pabedi, akutsokomola, osanena kanthu.

Lamia anafunyulula nsaluyo pang'onopang'ono. Diso linayamba kuoneka, lalikulu, lodekha, nsidze yake yokhota bwino. Kenako mphuno yobenthuka kunsonga, ndi mlomo wotsekeka ngati wa munthu amene wamva nthabwala koma sakufuna kuseka pagulu. Tsaya lakumanja, lomwe linali chakumwamba, linali loyera mbuu. Lamia atalikhudza ndi burashi, ufa unatsalira pa ubweya wake.

"Ndamuwotcha," anatero Sabriya.

"Tsaya lokha, azakhali, ndiponso pamwamba pokha. Tili ndi mankhwala olimbitsa." Lamia sanachotse maso pa mwalawo. "Zifanizo zina zonse za pachitunda chija zilibe nkhope. Uyu ali nayo."

Anaunyamulira pa thabwa loyalidwa thonje, amuna anayi, n'kuyamba kukwera chitunda wapansi chifukwa Lamia anakana galimoto. Sabriya ankayenda pambali, akuwauza pomwe pali miyala yoterera. Fakhriya ankatsatira m'mbuyo atakumbatira chofunda chija, akudandaula za mawondo.

M'tenti anautsitsira pamchenga, pakati pa chisoti ndi ndevu. Sunalumikizane bwinobwino, panatsala mipata yolowa chala, koma Wandevu anayang'ananso kumwamba. Antchito ena anasiya zomwe ankachita n'kubwera kudzaona. Lamia anapita kukatenga mabotolo ake.

Sabriya anagwada movutikira pafupi ndi khutu lija. Nkhopeyo anali asanaione chiyambire tsiku lomwe inalowa pachipata chake pansi pa udzu. Anayang'ana uku ndi uku, n'kutsitsa mawu.

"Mnzanu uja anatisiya," anatero. "Chaka chomwecho, nthawi yozizira. Sanavutike kwambiri. Ndimati mudziwe, mungamadikire."

Anakhalabe chogwada kanthawi. Kenako anatambasula dzanja, ndipo Fakhriya anamudzutsa.

"Tiyeni," anatero Fakhriya. "Ufa ndakanda kale kwathu. Mukaphike ndinu, anthuwa asathyoke mano."

"Uvuni wanu ndi wamtali."

"Mudzaponda pa njerwa. Ndipo ichi nyamulani nokha, ndisadzamvenso kuti chili kwa ine."

Sabriya analandira chofundacho. Chinkanunkha utsi ndi dothi. Anachipinda kawiri, nachiika pamutu, ndipo awiriwo anayamba kutsika.