Atsibweni Obwereka

Namwino atatuluka m'wodi ya amayi n'kufunsa kuti mwini wake wa Esteri ndani, Ganizani anali atangoyamba kudzuka pabenchi pamene a Bizwick anayankha.

"Mwini wake ndine. Ndine tsibweni wake."

Ganizani anakhalanso pansi. Esteri anali mkazi wake, mayi wa mwana wake Madalo, ndipo ndi iyeyo amene anathamanga naye kuno ku chipatala cha pa Boma atapita padera magazi osaleka. Koma pamaso pa a Bizwick, mlongo wa malemu apongozi ake, mwini mbumba wa ku Milonde, Ganizani ankachepa nthawi zonse. Namwino anati wodwalayo wataya magazi ambiri, madokotala akuyesetsa, abale adikire. Sanalonjeze kanthu.

Namwino atalowa, a Bizwick anavula chipewa n'kuchiika pabondo. Anali munthu wosakweza mawu, ndipo n'chifukwa chake ankaopsa.

"Bambo a Madalo, matenda akafika apa si oti tizingoyang'anana ine ndi inu. Mukatenge ankhoswe anu."

"Atsibweni ali kutali, bambo."

"Akhala ali kutali chikwatirireni inu. Mwana anabadwa, sanabwere. Apongozi anu tinaika m'manda, sanabwere. Lero mwana wathu ali pakati pa moyo ndi imfa. Dzuwa likalowa asanafike, ife tidziwa kuti ukwatiwu ulibe mwini, ndipo Madalo tipita naye ku Milonde. Sitingasiye mwana wamkazi m'malaini a pa esiteti ndi munthu amene tilibe kokamufunsa."

Ganizani anayang'ana panja. Pansi pa mtengo, Madalo ankasewera ndi timiyala pafupi ndi Marjory, mng'ono wake wa Esteri. Pambali pawo panali kachikwama ka kusukulu ka Madalo, kotupa ndi zovala. Anthuwa anali atalongedza kale.

Vuto linali lakuti Ganizani analibe nkhoswe. Kapena tinene kuti anali nayo, koma yobwereka. Iye anabadwira m'malaini a pa esiteti ya tiyi, m'nyumba ya kampani, ndipo abale a malemu mayi ake anali kutsidya ku Mozambiki, kupitirira Milanje, anthu ongowamva maina. Tsono atakondana ndi Esteri kothyola tiyi, a ku Milonde n'kunena kuti abwere ndi atsibweni ake, Ganizani anakagwira mwendo a Bryson, mdala wina wa ku fakitale, wa imvi zopatsa ulemu ndi pakamwa pothwa. Malipiro ake anali botolo limodzi basi. A Bryson anavala jekete yabulauni, anakapereka tambala, analandira thadzi, n'kulankhula za "mwana wa mlongo wanga" mogwira mtima mpaka amayi ena anapukuta misozi. Thadzilo anakadyera mpunga kwawo.

Chiyambire tsiku limenelo Ganizani sanapondenso pakhomo pawo. Kaya anali manyazi, kaya kusayamika, adziwa yekha. A Bryson atapuma ntchito n'kukayamba kukonza njinga ku Nkando, iye anapumira m'mwamba, poganiza kuti bodza lasamuka lokha. Madalo atabadwa, anauza a ku Milonde kuti atsibweni akudwala mwendo ku Mozambiki. Pa maliro a apongozi, anati mtsinje wadzaza. Esteri ankadziwa zonse, ndipo kawirikawiri ankati, "Bambo a Madalo, tiyeni tikakonze nkhani ija anthu asanatitulukire." Iye ankayankha kuti mwezi wamawa. Zengerezu adalinda kwawukwawu.

Pageti pa chipatala anakumana ndi a Sheila, mayi wa ku ofesi yoona za umoyo wa antchito pa esiteti, atanyamula fulasiki ya phala. Atamuona nkhope anamukokera pamthunzi, ndipo Ganizani anakhuthula zonse, ngakhale za botolo lija.

"Mwachita zopusa, koma simunathe ayi," anatero a Sheila. "Lamulo la maukwati lilipo. Anthu akakhala limodzi zaka zisanu, aliyense n'kumawadziwa kuti ndi banja, khoti litha kugamula kuti ndi ukwati, kaya panali ankhoswe kaya panalibe. Inu zaka zimenezo munadutsa kale. Nanga mwanayo, ngakhale pakanapanda ukwati, bambo ake ndinu. Tsibweni sangangomutenga ngati mbuzi yake."

"Ndiye ndipite kukhoti pompano?"

"Mutha kupita, si patali. Koma sagamula lero lomwe, musanamizidwe."

Ganizani anaima pamenepo kuyang'ana msewu wopita kukhoti. Mawu a a Sheila anamulimbitsa mtima pang'ono, kenako anamuopsanso. Anadziona ataima pamaso pa woweruza kulimbana ndi a Bizwick, Esteri ali padiripi. Anadziona atapambana. Nanga pambuyo pake? Munda wa Madalo unali ku Milonde, abale ake anali ku Milonde, ndipo nyumba ya kampani ndi ya kampani, ntchito ikatha amakupatsa masiku oti utulutse mphasa. Akadana ndi a ku Milonde, Madalo adzakula monga anakulira iyeyo, mwana wa m'malaini wopanda womuimira, wodzabwereka tsibweni pa ukwati wake. Anathokoza a Sheila n'kuthamangira kokwerera minibasi.

Minibasi ya ku Nkando, monga mwa masiku onse munthu akakhala pachangu, inkadikira munthu mmodzi amene sankabwera. Kondakitala ankangoti tikunyamuka, dalaivala ali phee kudya chinangwa. Itanyamuka inaima paliponse pamene panaima munthu, ngakhale wongoyang'ana msewu. Ganizani ankasuzumira dzuwa pazenera. Foni ikangogwedezeka m'thumba, ankaganiza kuti ndi Marjory ndi uthenga woipa.

A Bryson anawapeza pansi pa mtengo wa mango, kuseri kwa msika, akuviika chubu m'beseni kufuna pobooka. Anali ataonda, imvi zitachuluka, koma pakamwa panali pomwe paja.

"Eee! Mwana wa mlongo wanga! Ine ndimayesa unafa kalekale."

Ganizani ananjuta, anapereka moni, n'kufotokoza za matenda a Esteri, za a Bizwick ndi za mwana wake amene amulongedzera kale zovala.

"Pepa ndi matendawo," anatero a Bryson. "Tsono kwa ine ukufuna chiyani?"

"Mukangoonekera, madala. Mukanene kuti mwachokera ku Mozambiki, mwendo wachira."

"Mwendo uti?"

"Ndinawauza kuti mumadwala mwendo."

A Bryson anaika chubu pansi n'kuyang'ana miyendo yawo, wina kenako unzake.

"Wandidwalitsa mwendo zaka zonsezi osandiuza? Bwenzi ndikutsimphina, anthu asakutsutse." Anaseka pang'ono, kuseka kosafika m'maso. "Iwe Ganizani, mwana anabadwa, ngakhale dzina lake sindilidziwa. Pa Khirisimasi ngakhale kapaketi ka shuga. Umadutsa pa Nkando pano utatembenuzira nkhope kumsika, umayesa sindikuona? Nkhoswe si ambulera yoti uziikumbuka mvula ikagwa."

"Ndinalakwa, madala. Koma anditengera mwana."

"Ndipo ine masiku ano ndine mkulu wa mpingo. Bodza lija ndinalapa, ndipo linandivuta kulapa kwake. Sindikalibwereza chifukwa cha iwe."

Ganizani anagwada pafumbi pomwepo, anthu a mumsika akuona. Anapempha, anapemphanso. A Bryson anatola chubu chawo n'kuchiviikanso m'madzi, maso ali pa timathovu. Ganizani anadzuka n'kubwerera kumsewu yekha.

Anafika pachipatala dzuwa litapendeka, mithunzi ya mitengo itafika pakhonde. Za Esteri panalibe chatsopano. Madalo anamuthamangira n'kumugwira mwendo.

"Adadi, akuti ndikupita ku Milonde. Inu mubwera liti?"

Ganizani anamusisita kumutu. A Bizwick anali pabenchi pomwe paja, chipewa pabondo, ndipo Marjory anali atakoleka kale kachikwama paphewa.

"Ali kuti ankhoswe?" anafunsa a Bizwick.

Ganizani anatsegula pakamwa. Mwendo anali atagwiritsa kale ntchito, mtsinje nawonso, ndipo bodza lachitatu linakana kubwera. Anangoima, dzanja lili pamutu pa mwana.

"Odi, odi kuno!"

Pageti pankalowa mdala wovala jekete yabulauni, imene tsopano inkamukulira m'mapewa. A Bryson anayenda bwinobwino ndi miyendo yonse iwiri, girisi akadali m'zikhadabo. Anapereka moni kwa a Bizwick ndi manja awiri, anafunsa za wodwala, n'kukhala pabenchi. Ganizani anamva misozi ya chisangalalo ikubwera, ndipo anayamba kuthokoza Mulungu mumtima.

"Mwasowa, ankhoswe," anatero a Bizwick. "Mwendo uli bwanji?"

"Mwendo sunadwalepo, a Bizwick. Ku Mozambiki sindinakhaleko, ndimakhala pa Nkando pomwepa. Ndipo ndabwera kudzakuuzani kuti mnyamatayu si mwana wa mlongo wanga. Palibe magazi pakati pa ine ndi iye. Tinkagwira ntchito esiteti imodzi, anandipempha kuti ndikaime ngati tsibweni wake, ine ndinavomera chifukwa cha botolo."

Ganizani anayang'ana a Bryson. Mdalayu anakwera minibasi ulendo wonsewu kudzamumaliza. Marjory anagwira pakamwa, kenako anagwira dzanja la Madalo n'kumukokera kwa iye.

"Munatiseka," anatero a Bizwick motsitsa mawu kuposa kale. "Munabwera pakhomo pa mlongo wanga, tinakuyalirani mphasa, inu mukutiyesa ana. Tsono ukwati uli pati apa? Mwana wathu wakhala zaka zonsezi pachibwenzi."

"Tinalakwa, ndipo sindikana. Koma ndikufunseni. Tsiku lija thadzi munapereka m'manja mwa ndani?"

"Mwa inu."

"Ndipo ndinadya ndine, mpaka mafupa. Ubale ndinabwereka, koma nkhuku ija inali yeniyeni. Ndakhala ndikuganiza zimenezi chichokereni mnyamatayu pamalo panga masana ano. Iye alibe wina, mukafufuze m'malaini monse. Ngati chimene mukufuna ndi munthu woti muzikamufunsa za ukwatiwu, pa matenda, pa maliro, pa za mwana, ine ndilipo. Pansi pa mango kuseri kwa msika, sindisamuka. Chindapusa cha bodza mudzatchule, tidzasenza awiri."

A Bizwick anatembenuza chipewa pabondo, anachitembenuzanso. Nkhope yawo sinkaonetsa kanthu. Ganizani anaganiza za mawu a a Sheila, za khoti lomwe linali litatseka kale, za nyumba ya m'malaini yopanda Esteri ndi Madalo yemwe.

"Atsibweni," ananong'ona Marjory, "tikachedwa galimoto za ku Milonde zitithera."

A Bizwick anavala chipewa n'kuimirira. Nthawi yomweyo chitseko cha wodi chinatseguka, ndipo anatuluka namwino wina, osati wa m'mawa uja.

"Abale a Esteri? Watsegula maso, koma akadali wofooka kwambiri, alowe munthu mmodzi yekha. Akuitana mwamuna wake. Mwamuna wake ndani pano?"

Marjory anayang'ana atsibweni ake, a Bryson anayang'ana zikhadabo zawo. Ganizani, amene anagona m'nyumba imodzi ndi Esteri zaka zonsezo, anayang'ana pansi, osalimba mtima kunena kuti ndine.

"Ndafunsa kuti mwamuna wake ndani?" anabwereza namwino, mawu atayamba kuuma.

A Bizwick anatembenukira kwa Ganizani.

"Mwagontha kodi? Akuitana inu."

Kenako anachotsa kachikwama paphewa pa Marjory n'kukaika pamiyendo pa a Bryson.

"Ankhoswe, gwirani katundu wa mdzukulu wanu. Musachoke, nkhani yathu sinathe."

Ganizani anatsatira namwino. Atafika pachitseko anacheuka. A Bizwick anali atakhalanso pabenchi, chipewa chitabwerera pabondo, ndipo a Bryson anali atawerama kwa kamtsikanako, kachikwama atakakumbatira pajekete.

"Bwera kuno, mwanawe. Dzina lako ndani?"